Atate Anga ndi Dzanja la Girandimasita

Mwezi uno chakwana chaka chimwalirire atate. Alongo anga a ku Ndola anaimba foni sabata yatha kuti ndilembe mawu okaika pa chiliza, popeza ndine ndinakhala nawo mpaka tsiku lomaliza. Anati isapitirire mizere itatu. Ndakhala ndi pepala masiku asanu, mizere itatu yandikanika. Ndiye ndalemba izi, ngakhale ndikudziwa kuti pa mwala sizingakwane.

Ku Kapata kuno anthu ankawadziwa kuti aSoko a tchesi. Zoti anaphunzitsa masamu zaka zoposa makumi atatu ambiri anaiwala, ngakhale amene anadutsa m'manja mwawo. Chimene ankadziwa ndi mdala wamtali wokhala pakhonde, tayi ili pakhosi ngakhale mu Okutobala, atawerama pa bolodi la timabokosi takuda ndi toyera, akusewera ndi munthu amene palibe. Amayi ankati zimene zili pa bolodipo ndi zidole. Atate ankati ndi asilikali, ndipo pa mawu awiri amenewa anakangana ukwati wawo wonse.

Osewera tchesi ali ndi maudindo ngati ku usilikali, ndipo wapamwamba pa onse ndi girandimasita. Atate ankadziwa mbiri za anthu amenewa kuposa za abale awo. Ankadula masewera awo m'manyuzipepala ndi m'magazini akale, n'kumata m'makope a ana asukulu otsala masamba. Mayina awo ankatikanika kutchula, choncho anawapatsa ena oti tiziwamva. Kunali Wosuta, amene ankangotaya asilikali ake ngati wamisala koma n'kupambanabe. Kunali Mlonda, amene sankaukira munthu, ankangotseka zipata zonse mpaka mnzakeyo atatopa n'kudzipha yekha. Kunali Kamwana, amene anagonjetsa akuluakulu ndevu zisanamere. Ankadziwa amene analanda ukatswiri kwa mnzake, anausunga zaka zingati, ndiponso anaulanda ndani. Ankadziwanso mmene aliyense anafera, ndipo izi ankakonda kuzinena pa nthawi ya chakudya. Ambiri a iwo, malinga ndi atate, anafa ali okha, m'zipinda za eni, m'mayiko ozizira.

Tsiku lina amayi anaika mbale pansi mwamphamvu.

"Atate a Esinati, anthu anuwa akudziwa kuti ku Kapata kuli Soko?"

"Mmodzi akudziwa," anatero atate.

Amayi anatuluka panja. Ankadziwa kuti nkhani ya mmodziyo ikayamba, ndiwo zizizira.

Atate ankanena kawirikawiri kuti mu tchesi ukagwira msilikali uyenera kumusuntha, kubweza dzanja kulibe, ndipo lamulo limeneli analilowetsa m'nyumba. Ukagwira nthochi pa msika, ugule. Ukanena kuti upita ku maliro, upite ngakhale kugwe mvula ya matalala. Alongo anga atapereka mimba kwa mtsikana wina, atate sanakalipe. Anangowafunsa kuti anagwira kapena sanagwire. Ukwati unachitika Disembala yemweyo. Atate sanali munthu wankhanza, sanatimenyepo, koma kukhala nawo kunali kotopetsa ngati kukhala m'kalasi losaweruka.

Tchesi anaiphunzira ali chigonere. Ali mnyamata anadwala chifuwa chachikulu, n'kugonekedwa m'chipatala miyezi yambiri. Pa bedi loyandikana panali mkulu wina wobwerera ku migodi, amene anajambula bolodi pa chikatoni, asilikali n'kukhala zotsekera mabotolo a mankhwala. Mkuluyo anafera momwemo. Atate anatuluka ndi chikatoni chija m'khwapa. Agogo, amene anali mkulu wa mpingo ku Madzimoyo, atachiona anati ndi njuga, n'kuchiponya pamoto. Atate anajambula china. Agogo anatenthanso, ndipo zinatero katatu, mpaka abusa eni ake ananena kuti kusukulu yaubusa ankasewera. Agogo anasiya kutentha, koma mpaka imfa yawo sanakhalepo m'chipinda momwe munali bolodi.

Nkhani ya mmodzi uja inali ya ku Lusaka. Ndinaimva kambirimbiri moti ndikhoza kuinena ndi mawu awo.

Chinali chaka chimene ndinabadwa, amayi ali ndi pakati pa ine. Kunabwera girandimasita wochokera ku Ulaya kudzasewera ndi anthu ambiri nthawi imodzi. Atate anali atapambana mpikisano wa kuno kum'mawa, ndiye anaitanidwa. Msewu unali woipa, basi inafera ku Nyimba, anayenda masiku awiri. Anafika shati ili psuu ndi fumbi, n'kuchapa kolala yokha pa mpope wa pa siteshoni.

Mu holo matebulo anawayala mozungulira, osewera kunja, girandimasita mkati. Chiwerengero cha anthu chinkasintha, nthawi zina makumi awiri, nthawi zina makumi anayi, koma zina zonse sizinkasintha. Girandimasitayo anali mzungu wamfupi, wa nsapato zakutha chidendene. Ankafika pa tebulo lako, kuyang'ana, kusuntha, n'kupita kwa wina, osaima n'komwe. Anthu anayamba kugwa mmodzimmodzi, madokotala, maloya, ophunzira a ku yunivesite. Patapita maola anayi anatsala atatu. Kenako anatsala mphunzitsi wa ku Chipata yekha, wa kolala yonyowa, anthu onse atamuunjirira kumbuyo.

Apa atate ankayamba aima, n'kutiyang'ana mmodzimmodzi.

"Anaitanitsa mpando," ankatero. "Tsiku lonse anali chiimire. Pa tebulo langa anaitanitsa mpando."

Girandimasita anakhala pansi, mutu m'manja, nthawi yaitali. Kenako anasuntha msilikali wotchedwa bishopu, n'kuyang'ana atate m'maso, n'kutambasula dzanja. Ankapempha kuti alepherane, pasakhale wopambana.

"Ine ndinaleredwa pa mishoni, Esinati. Munthu wamkulu akakutambasulira dzanja suliyang'ana. Ndinaimirira, ndinalandira ndi manja awiri."

Anthu anaomba m'manja. Nyuzipepala inalemba mzere umodzi, dzina n'kulilakwitsa. Akuluakulu a masewera anawauza kuti atsale ku Lusaka, akonzekere limodzi ndi gulu limene linkapita kunja kwa dziko. Koma m'mawa mwake unabwera uthenga woti amayi atupa miyendo, agonekedwa. Atate anakwera basi.

Pa mlatho wa Luangwa, anthu atatsika kukagula nsomba zouma, iwo anatsala m'basi ndi kabolodi kawo ka m'thumba. Anaika asilikali mmene analili pamene dzanja lija linkabwera. Ndipo anaona. Akanapereka kwini, msilikali wamphamvu kuposa onse, kuti adyedwe dala, kavalo akanalumphira mkati, mfumu ya mzunguyo n'kusowa kothawira. Anali atagwira girandimasita pakhosi, n'kumusiya chifukwa cha ulemu.

Ine ndinabadwa patapita milungu itatu. Kalata inabwera kuchokera ku Lusaka, kenako ina, atate sanayankhe. Sananenepo kuti ndine ndinawatsekereza. Koma akafuna kukumbukira zaka zanga, ankawerengera kuchokera pa masewera aja.

Kuyambira pamenepo aliyense wofika pakhonde pathu ankaonetsedwa kwini uja. Abusa anaonetsedwa. Wowerenga mita ya madzi anaonetsedwa. Amuna anga atabwera kudzafunsira anakhala maola awiri pa mpando akugwedeza mutu, osadziwa ngakhale mmene kavalo amayendera. Atate ankanyamula kwini pang'onopang'ono, kumuika pamene akadyedwe, n'kukweza maso kuti aone ngati mlendo wadzidzimuka. Akatha ankangoti, "Linali dzanja chabe," n'kuyamba kubwezera asilikali m'malo.

Ife ana awo tchesi sitinaikonde. Ine anandiyesa kamodzi ndili wamng'ono, ndinalira atandidyera kavalo, anati ndilibe mtima wake. Mtima wake anaupeza mwa Tamala.

Tamala anali mwana wa alimi a thonje ndi nsawa a kufupi ndi Mtenguleni, Akatolika, ndipo ankakhala kwa azakhali ake ku Kapata chifukwa cha sukulu. Atate anamupeza m'kalasi lawo la masamu. Pasanathe chaka ankagonjetsa anyamata onse, pasanathe zaka ziwiri anayamba kuwavutitsa iwo eni. Nthawi yotola thonje ikakwana, atate ankapalasa njinga mpaka kumudzi kwawo kukapempha makolo kuti amumasule akachite mpikisano. Bambo ake ankati thonje silidikira. Atate, tayi ili pakhosi, analowa m'munda n'kutola okha masiku awiri m'malo mwa mwanayo. Anabwera zala zili zilondazilonda, amayi osawalankhula.

Tamala anapambana kuno, anapambana ku Lusaka, anakwerapo ndege kukasewera kunja. Atate anayamba kope latsopano, la iye yekha, n'kuliika pamodzi ndi la Wosuta ndi la Mlonda. Ankauza aliyense kuti girandimasita woyamba wa kum'mawa adzakhala mkazi wa m'munda wa thonje.

Ndinalipo tsiku limene anabwera kudzawauza. Anagwada pa sitepe ya khonde.

"Aphunzitsi, anditenga ku sukulu ya unamwino."

"Chabwino. Tchesi uzisewera Loweruka."

"Ayi, aphunzitsi. Ndasiya."

"Wasiya bwanji?"

"Ndatopa. Kunja kuja ndinakumana ndi ana aang'ono amene ali ndi aphunzitsi atatu aliyense. Anandidya ngati chimanga chokazinga. Ine ndiwerenge mpaka imvi sindingawapeze. Kumudzi azing'ono anga akundiyang'ana."

"Unagwira, Tamala."

"Ndinagwira ndili mwana, aphunzitsi. Munandigwiritsa ndinu."

Atate ananyamula mpando wawo n'kuutembenuzira kukhoma. Tamala anakhala chigwadire kanthawi, kenako anadzuka, anasasa maondo, n'kupita. Zaka khumi ndi chimodzi dzina lake silinatchulidwe m'nyumba mwathu. Makadi a Khirisimasi amene ankatumiza, amayi ankawerengera kukhitchini.

Amayi anatsogola. Patapita zaka ziwiri atate anagwa m'bafa, sitiroko n'kupha mbali yonse ya kumanzere. Ine ukwati unali utatha kale, ndiye ndinachoka ku Katete kudzawasamala. Zaka zinayi zimenezo sindifuna kuzikometsera. Kuwasambitsa, kuwatembenuza, kuchapa zofunda tsiku ndi tsiku, kuwakankha pa mpando wa matayala kupita pakhonde ndi kubwera nawo. Tayi sanaisiye, ndinkawamanga ine, ndipo nthawi zonse inkakhala yokhota. Dzanja lamanja linkanjenjemera, asilikali ankagwera pansi pa mpando, ine n'kumawerama kutola mwina kakhumi pa tsiku. Tsiku lina ndinawakalipira kuti zidole zimenezi zindithyola msana. Anandiyang'ana nthawi yaitali.

"Mawu a amayi ako," anatero.

Alendo anachepa. Anthu anali atatopa ndi kwini uja, ndipo malankhulidwe a atate anali atayamba kuvuta kumva.

Tamala anabwera Loweruka lina masana, nthawi ya mango. Anali atanenepa, ali sisitala pa chipatala china ku Kitwe, mayi wa ana awiri. Za matenda a atate anamva kwa azakhali ake. Anaodira pa geti, n'kudzagwada pa sitepe yomwe ija, shuga ndi buledi zili m'manja.

"Ndani?" anafunsa atate, ngakhale anali atamuona.

"Ndine Tamala, aphunzitsi."

"Tamala amene ndinkamudziwa ine ankasewera tchesi."

"Ikani asilikali ndiye."

Anasewera kawiri, ndipo kawiri konse Tamala anapambana, osawamvera chisoni ngakhale pang'ono. Sindinawaonepo atate atakondwa choncho chigwereni. Anandituma tiyi. Pobwera ndi makapu ndinapeza akuika asilikali mwa ku Lusaka muja, Tamala akuwathandiza, chifukwa nayenso ankadziwa malo a aliyense pamtima.

"Aphunzitsi," anatero Tamala, "munayamba mwafunsapo makina?"

Anatulutsa foni. Anafotokoza kuti masiku ano m'foni mumakhala pulogalamu yosewera tchesi kuposa girandimasita aliyense amene anakhalapo, ukaionetsa bolodi imakuuza amene akupambana ndi njira yake. Atate anali atamva za zimenezi ndipo ankadana nazo, ankati ndi za aulesi. Ine ndinamutsinzinira Tamala kuti asiye. Sindikudziwa chimene ndinkaopa. Koma atate anali ataona kale.

"Ifunse," anatero. "Ikauze anthu kuti Soko sanali kunama."

Tamala anadinadina. Anayang'ana foni, anayang'ana bolodi, anayang'ananso foni.

"Ikuti munkapambana, aphunzitsi."

Atate anamenya tebulo ndi dzanja lamoyo lija, tiyi n'kutayikira.

"Wamva, Esinati? Wamva?"

Tamala sanaseke. Akanatha kusiyira pomwepo, ndipo kwa masiku ambiri ndinamukwiyira kuti sanatero. Koma anaphunzitsidwa ndi iwo omwewo.

"Koma osati ndi kwini," anatero motsitsa mawu. "Mukapereka kwini, mfumu yake sibwerera pakona. Imatulukira apa. Kavalo wanu amatsala yekha. Mukanagonja."

"Bodza."

"Njira yake ndi iyi." Anagwira mfumu ya atate n'kuisuntha kabokosi kamodzi chammbali. Basi. "Mukatero alibe chochita. Chilichonse chimene angasunthe chikumupweteka yekha."

"Foni yako ndi yabodza. Ikanso."

Anaikanso, yankho lomwelo. Atate anandiuza kuti ndiwalowetse m'nyumba, atopa. Tamala anatsanzika ali pakhomo la chipinda, iwo atayang'ana kudenga. Pa geti analira. Anati sanabwerere zimenezi. Ndinamuuza kuti apite, basi ingamusiye.

Masiku atatu atate sanafune kutuluka. Kudya ankangolawa. Tsiku lachinayi m'mawa anati ndiwamange tayi. Pakhonde anakhala pa bolodi mpaka dzuwa linafika pamutu, akusuntha ndi kubweza, kusuntha ndi kubweza, iwo amene ankati kubweza kulibe. Kenako anandiitana.

"Esinati, siya zochapazo. Khala apa."

Ndinakhala pa mpando wa alendo, koyamba chikulireni. Anandionetsa pang'onopang'ono, ngati akuphunzitsa mwana wa giredi wani, mmene mfumu ya mzungu ikanathawira. Sindinamve zonse, koma ndinaona kuti kavalo watsaladi yekha pakati pa adani.

"Mwana uja akunena zoona," anatero. "Zaka makumi anayi ndakhala ndikuonetsa anthu mmene ndikanagonjera."

Ndinati mwina makinanso amalakwa.

"Ayi. Tamvera. Munthu uja anakhala pampando, anaona kusuntha kwa mfumuku. Anakuona m'mphindi zochepa, atatopa, atasewera ndi holo yonse. Ine ndakhala pano moyo wanga wonse osakuona. Iye anaganiza kuti ndakuona, ndiye anatambasula dzanja." Anaseka, kuseka kwa mbali imodzi ya kamwa. "Anandiopa pa chinthu chimene ndinalibe. Ameneyo ndiye girandimasita, mwanawe. Ife timangosewera."

Anayang'ana njinga za kabaza zikudutsa pamsewu.

"Ndikanatsala ku Lusaka bwenzi atandidya ngati chimanga chokazinga," anatero. Kenako, osandiyang'ana: "Ndinachita bwino kukwera basi."

Ndinadzuka kukapitiriza kuchapa, chifukwa sindinkafuna kuti aone nkhope yanga. Ndinali nditadikira mawu amenewo kuyambira ndili kamtsikana, ndipo atabwera anandipeza nditatopa kwambiri moti ndinangowalandira ngati chenji cha pa golosale. Kulira ndinalira mawa lake, ndikuanika mabulangete.

Mpaka lero sindidziwa ngati foni ya Tamala inawamasula kapena inawathyola. Alongo anga amati inawapha. Chimene ndinaona ine n'chakuti nkhani ya ku Lusaka sanainenenso. Abusa atabwera kudzawapatsa mgonero anawaseka kuti lero kwini sationetsa kodi. Atate anangoti, "Tinalepherana, abusa," n'kufunsa za denga la tchalitchi. Anandiuza kuti ndimulembere Tamala uthenga. Ndinadikira ndi foni m'manja kuti anena zambiri. Anati ndilembe kuti waona bwino, ndipo apereke moni kwa ana.

Anakhalanso miyezi itatu, akuchepa sabata ndi sabata. Anamwalira mu Febuluwale, m'mawa, sabata ya mwambo wa Nc'wala, tauni yonse ili piringupiringu, malole odzaza anthu a zikopa ndi nthenga akulowera ku Mtenguleni. Galimoto yonyamula maliro tinaisowa mpaka madzulo. Tinakawaika ku Madzimoyo pafupi ndi amayi, ndi agogo amene ankatentha zikatoni aja. Tamala anabwera ndi basi ya ku Kitwe, anagona pa maliro masiku onse, anaphika nawo. Pogawa katundu palibe wachibale amene anafuna bolodi ndi makope, ndiye ndinamupatsa iye. Anati mwana wake wamkazi wayamba kufunsa za kayendedwe ka kavalo, koma iye sanaganize bwino ngati amuphunzitse.

Chipinda chawo chilipobe chopanda kanthu. Bedi anatenga amalume a ku Chadiza, wadiropu inapita ku Ndola. Pakhoma pamene inali patsala malo osathimbirira, penti yake yakale, ndipo ndi pokhapo pooneka kuti nyumbayi inali yobiriwira. Pansi pali mizere iwiri imene mpando wa matayala unakumba pa simenti kuchokera pabedi kukafika pakhomo. Ndakolopa ndi sopo wa mitundu yonse koma fungo la mafuta otikitira silichoka, makamaka kukatentha. Pakona ya zenera mavu amanga chisa, ndipo sindinawachotse. Alongo anga akuti tiikemo munthu wa lendi, mlamu wanga akuti asungiremo matumba a nsawa akakolola. Onse ndimawayankha kuti tiona. Pakali pano ndimalowamo kawiri pa tsiku, m'mawa kukatsegula zenera, madzulo kukatseka.